Samu ya Miyezi Itatu

Dziko la Krynn lili ndi miyezi itatu, koma anthu ake ambiri amaona iwiri yokha. Woyamba ndi Solinari, mwezi woyera, umene umatenga masiku 36 kuti ukhale, ukule, ufe ndi kukhalanso. Wachiwiri ndi Lunitari, wofiira, wa masiku 28. Wachitatu ndi Nuitari, wakuda bii, waliwiro kuposa inzake, wa masiku 8 okha. Nuitari uli nako kuwala kwake, koma kuwalako amakuona ndi okhawo amene anapereka moyo wawo ku matsenga a mdima. Mlimi wa ku Krynn akakweza maso usiku saona kanthu. Wodziwa nyenyezi amangozindikira kuti pena pake zasowa nyenyezi zimene zimakhalapo nthawi zonse, patsala malo ozungulira ngati chibowo chimene mbaliwali ya moto yaboola pa chitenje, ndiye amadziwa kuti mwezi wakuda ukudutsa pamenepo.

Krynn ndi dziko la m'mabuku otchedwa Dragonlance. Analiyambitsa ndi Tracy Hickman ndi mkazi wake Laura, akukambirana m'galimoto pa ulendo wopita ku Lake Geneva m'chigawo cha Wisconsin ku America, kumene Tracy ankakayamba ntchito ku kampani ya TSR. Kampaniyo ndi imene inkapanga Dungeons & Dragons, masewera amene anthu amakhala mozungulira tebulo, mmodzi n'kumasimba nkhani, enawo aliyense n'kutenga munthu wake wa m'nkhanimo, dayisi n'kumagamula ngati lupanga lalasa kapena laphonya. Buku loyamba, Dragons of Autumn Twilight, Hickman analemba ndi Margaret Weis, ndipo linatuluka mu 1984. Ine ndinalipeza patapita zaka zoposa 30, ku Limbe, pa mulu wa mabuku akale amene mnyamata wina anayala pakhonde la sitolo. Pambuyo pake ndikapita kutauni mwezi ukatha ndinkadzera pa mnyamatayo, ndipo iye anayamba kundisungira lililonse lokhala ndi mayina awiriwo pachikuto.

Nthawi imeneyo ndinkaphunzitsa Sitandade 6 pa sukulu ina ya kumudzi, kufupi ndi phiri la Mulanje. Kwathu kunali kutali, banja ndinalibe, magetsi kunalibe. Ndikamaliza kuchonga makope ndinkayatsa kanyale ka sola n'kuwerenga mpaka kuthima. Mabukuwo anandisunga m'nyengo imene ndikanatha kulowerera m'kachasu, ndipo mpaka lero sindiwanyoza.

Chimene chinandigwira mtima sichinali zinjoka zouluka kapena nkhondo. Inali miyeziyo. Ku Krynn mwezi uliwonse ndi mulungu, mwana wa mulungu wamkulu. Solinari ndi mwana wa Paladine, mtsogoleri wa milungu ya zabwino. Lunitari ndi mwana wamkazi wa Gilean, wosunga buku, amene saima mbali iliyonse. Nuitari ndi mwana wa Takhisis, mfumukazi ya mdima. Makolo atatuwa ndi a bere limodzi, kotero mwa kuwerenga kwathu Solinari ndi Lunitari ndi mchimwene ndi mchemwali, pamene Nuitari ndi msuweni wawo, mwana wa azakhali. Makolowo amaoneka kutali, m'magulu a nyenyezi. Anawo anasankha kukhala pafupi ndi dziko kuti aphunzitse anthu matsenga ndi kuwaikira malire. Wamatsenga aliyense amavala mkanjo wa mtundu wa mwezi wake, ndipo mphamvu zake zimakwera mweziwo ukakhala wathunthu, n'kutsika ukamafa. Wa mkanjo woyera amayembekeza nthawi yaitali kuti afike pachimake, koma akafikapo amakhalitsa. Wa mkanjo wakuda amakwera ndi kutsika pa masiku 8 aliwonse, sapuma.

Magulu atatuwa kunja amadana, mwinanso kuphana. Koma mu nsanja ya Wayreth amakhala pa bwalo limodzi, anthu 21, mkanjo uliwonse n'kutumiza anthu 7, ndipo m'menemo saloledwa kumenyana. Lamulo lawo loyamba ndi kusamalira matsengawo kuti asagwere m'manja mwa munthu wosaweruzika. Ndiponso palibe amabadwa ndi mkanjo wakuda. Munthu amapita yekha ku Wayreth ali wamkulu, n'kulowa m'mayeso amene wolephera amafera momwemo, ndipo mkanjo wake umadziwika ndi zimene wasankha ali m'kati mwa mayesowo. Raistlin Majere, munthu amene owerenga ambiri amamukumbukira kuposa onse, anatulukamo ali ndi khungu lagolide, tsitsi loyera, chifuwa chosatha, ndi maso oona chilichonse chikukalamba ndi kufa. Anayamba ndi mkanjo wofiira. Wakuda anauvala pambuyo pake, mwa kufuna kwake, akudziwa chimene akusiya.

Muli nkhani inanso, ya mzinda wa Istar. Kumeneko kunali wansembe wamkulu amene analinso mfumu, munthu amene anatsimikiza kuchotsa choipa chilichonse pa dziko. Anautsa anthu wamba kuti aukire amatsenga onse, a mikanjo yoyera omwe. Nsanja zawo zinali zisanu: ziwiri eni ake anazigumula okha kuti zisagwere m'manja mwa gulu, ya ku Istar inatengedwa, ya ku Palanthas inatembereredwa, n'kutsala ya Wayreth yokha. Mfumuyo inafika polanga anthu chifukwa cha zimene akuganiza mumtima. Mapeto ake milungu inagwetsa phiri lamoto pa Istar, mzinda wonse n'kumira pansi pa nyanja. Nkhani imeneyi ndinali nditaiwerenga ndi kuimvetsa ndisanachite zimene ndinachitazi. Ndikuitchula kuti wina asadzanene kuti bukulo silinandichenjeze.

Mu teremu yachitatu ya 2018 tinkabwereza samu ya LCM, ija yofuna nambala yaing'ono kwambiri imene manambala angapo amalowamo popanda chotsala. Ana anali atatopa ndi chitsanzo cha mabelu atatu olira nthawi zosiyana. Pa sukulu pathu belu linali limodzi, chitsulo cha gudumu la lole chopachikidwa pa mtengo. Ndinaganiza zowapatsa chinthu choti achikonde monga ndinachikondera ine. Ndinajambula mwezi ndi choko choyera n'kulembapo 36. Ndinajambula wina ndi choko chofiira n'kulembapo 28. Wachitatu ndinaviika chala m'madzi n'kuzunguliza pa bolodi, pansi pake n'kulemba 8. Madziwo anauma ana akuyang'ana, mweziwo n'kuzimirira, nambala yokha n'kutsala. M'kalasi munangoti zii.

Ndinawauza kuti miyezi itatuyi ikakumana pa mzere umodzi, woyera kumbuyo, wofiira pakati, wakuda patsogolo, kumwamba kumaoneka diso lalikulu loyang'ana dziko, ndipo usiku umenewo, umene mabukuwo amautcha Night of the Eye, matsenga onse amafika pachimake. Funso linali lakuti: ngati diso laoneka lero, lidzaonekanso patapita masiku angati?

Sindinaonepo ana akugwira samu ndi mtima wotero. Woyamba kubweretsa kope anali kamnyamata kena kofatsa, kamasiye, kamene kankakhala ndi agogo ake aakazi kumapeto kwa mudzi. Anali ataphwanya manambala onse bwinobwino: 36 kukhala 2 × 2 × 3 × 3, 28 kukhala 2 × 2 × 7, 8 kukhala 2 × 2 × 2, yankho 504. Popanda kufunsidwa anawonjezera pansi pake kuti pa masiku amenewo woyera ukhala utazungulira ka 14, wofiira ka 18, wakuda ka 63. Ndinamuimiritsa kutsogolo kuti anzake amuombere m'manja. Kenako mtsikana wina anafunsa.

"Aphunzitsi, nanga wakudawo amauona ndani?"

Belu linali litatsala pang'ono kulira, ndipo ndinayankha ndikufufuta pa bolodi. "Amauona ndi oipa okha, a matsenga a mdima."

Za bwalo la ku Wayreth sindinanene. Zakuti munthu amasankha yekha ali wamkulu sindinanene. Za Istar sindinanene. Ndinapereka mbali yoopsa yokha chifukwa ndiyo inkachititsa ana kutong'ola maso, ndipo kutong'ola masoko ndinakukonda.

Ndinatchula kamodzi, poyamba penipeni, kuti izi ndi za m'buku. Koma kwa mwana wa Sitandade 6 zonse zimene mphunzitsi amalemba pa bolodi ndi za m'buku. Mtsinje wa Shire ndi wa m'buku, mapulaneti ndi a m'buku, John Chilembwe ndi wa m'buku. Makolo athu sankasimba nthano chisawawa. Ankadikira usiku, n'kuyamba ndi padangokhala, ana n'kuvomera kuti tili tonse, ndipo aliyense ankadziwa kuti kuyambira pamenepo kalulu akhoza kulankhula ndi njovu mpaka nthano itatsekedwa. Masana ankaletsa. Ine ndinasimba masana, nditaima pamalo pamene mwana anaphunzitsidwa kuti sipanenedwa bodza, choko chili m'manja, kenako n'kuchonga mayankho ndi cholembera chofiira.

Ana anapanga masewera. Pa buleki ankagawana magulu atatu, oyera, ofiira ndi akuda, n'kumathamangitsana pabwalo la mpira. Ndinkawaonera pawindo ndikusangalala. Chimene sindinaone ndi chakuti gulu lakuda palibe ankalifuna, ndipo ankakankhiramo amene analibe womuyankhulira, makamaka kamnyamata ka 504 kaja. Tsiku lina, atatopa ndi kukhala wothamangitsidwa, anauza anzake kuti iye mwezi wakudawo amauonadi, ndipo akapitiriza kumuvuta aona. Kuyambira pamenepo anayamba kumupatsa njira. Kwa mwana amene moyo wake wonse sanaopedwepo ndi munthu, chimenecho chinali chokoma, ndipo anabwereza mawuwo kangapo. Ana anakafika nazo kunyumba, ndipo kandimverere anakanena za m'maluwa: a mikanjo yakuda aja pofika m'makhitchini anali atasanduka afiti.

Ndinayenera kudziwa malo amene ndinali. Chaka chisanathe n'komwe chichokereni mphekesera za anamapopa, zimene zinayamba ku Mulanje komweko mu Seputembala 2017 n'kufalikira ku Phalombe, Thyolo, Chiradzulu mpaka Blantyre, anthu angapo n'kuphedwa ndi magulu olusa chifukwa chongoganiziridwa. Mu Januwale 2016 ku Neno anthu okalamba anayi anaphedwa atanamiziridwa kuti ndiwo anatumiza mphenzi imene inapha mtsikana. Zonsezi ndinkazidziwa, ndinkazidandaula pocheza ndi aphunzitsi anzanga. Sindinazilumikize ndi chala changa chonyowa pa bolodi.

Kenako wailesi inalengeza kuti Lachisanu pa 27 Julaye kukhala kadamsana wa mwezi, wotalika kuposa wina aliyense m'zaka 100 zino. Ndinakondwa. Ndinaona mwayi woonetsa ana sayansi yeniyeni kumwamba kwenikweni, ndipo ndinauza aliyense amene ndinakumana naye kuti asagone msanga, mwezi ufiira. Ndinafotokoza kuti dziko lidzalowa pakati pa dzuwa ndi mwezi, mthunzi wake n'kugwera pa mweziwo, ndipo kufiirako kumabwera chifukwa kuwala kwa dzuwa kumapindika podutsa mu mpweya wozungulira dziko, mbali yofiira yokha n'kukafika. Anthu anamva mawu awiri: mwezi ufiira. Anasunganso kuti wanena ndi mphunzitsi uja wa miyezi itatu.

Itangodutsa 8 koloko usiku, mdima unayamba kudya mwezi kuchokera m'mphepete. Pofika 9:30 mwezi wonse unali wofiira, ndipo unakhala choncho kwa ola limodzi ndi mphindi 43, pambali pake pakuwala nyenyezi yofiira kwambiri, imene inali pulaneti ya Mars. Mudzi wonse unali panja ngakhale kunkazizira. Ena ankapemphera, atakumbukira za m'buku la Yoweli za mwezi wosanduka magazi. Ndiye ana anga, ana a kalasi langa, anayamba kufuula pamodzi mayina amene makolo awo sanawamvepo chibadwire. Mwezi uli woyera ankati Solinari. Utafiira anati Lunitari. Ndipo pamene mthunzi unkalowa, kamnyamata kaja kanaloza kumwamba n'kunena mokweza, akuluakulu akumva, kuti, "Si ndinkakuuzani? Wakuda uja ndi umenewo, ukudya woyerawo."

Ine ndinali chapatali, ndikufotokozera abambo awiri za mthunzi wa dziko. Sindinamve.

Sabata yotsatira khanda la banja lina loyandikana ndi agogo aja linadwala n'kumwalira. Kuchipatala anati chibayo, matenda amene amatenga makanda ambiri m'miyezi yozizira. Maliro asanathe n'komwe nkhani inali itamangidwa kale: mwana amaona mwezi wa afiti, mwana saphunzira ufiti yekha, ndipo m'nyumbamo wamkulu ndi mmodzi.

Nditamva, ndinachita mantha, ndipo chilichonse chimene ndinachita ndi manthawo chinawonjezera moto. Ndinayenda khomo ndi khomo kupempha makope a samu, n'kung'amba masamba onse a miyezi itatu, n'kukawatentha kudzala kuseri kwa sukulu dzuwa likulowa. Mumtima ndinkati ndikuchotsa chimene chikuopseza anthu. Ana amene anandiona anakanena kuti aphunzitsi atentha zojambula zija kusanade, ali okha. Ndipo ndinali nditawononga umboni wokhawo wosonyeza kuti imeneyi inali samu, ya ana onse, yochongedwa ndi kusainidwa.

Kenako ndinapita kwa agogo aja kukawachenjeza. Poopa kuti anthu andiona, ndinapita usiku. Anandiona. Kukacha kunali kutadziwika kuti mphunzitsi ndi gogo uja amakumana mumdima. Chimene ndinapeza m'nyumbamo sindidzachiiwala. Agogo anali atakhala pafupi ndi chitseko, atachitsekera ndi mtondo, mwana atagona kumbuyo kwawo atavala nsapato.

"Agogo, zonsezi ndayambitsa ndine. Ndi nkhani ya m'buku chabe."

"Aphunzitsi, ine kuwerenga sindidziwa. Ndinakupatsani mwana kuti adziwe zimene ine sindidziwa. Ndiye mwamuphunzitsa chiyani?"

Ndinalibe yankho limene likanawathandiza usiku umenewo.

Amfumu anaitanitsa bwalo. Anali mayi wachikulire, amene anaona ndi maso awo zimene zinachitika chaka chapitacho, ndipo anaonetsetsa kuti ahedi ndi a komiti ya chitetezo cha m'mudzi akhalepo. Ine ndinanyamula mabuku onse m'chikwama, ndikukhulupirira kuti anthu akaona pepala ndi inki mitima ikhala pansi. Ndinawayala pa mkeka. Limodzi, Time of the Twins la 1986, linayamba kuyenda dzanja ndi dzanja. Pachikuto pake pali Raistlin, nkhope yagolide, mkanjo wakuda, atagwira mkazi wovala zoyera. Bambo wina analikweza m'mwamba n'kufunsa ngati ameneyu ndi mmodzi wa oona mwezi wakudawo. Ndinati inde, chifukwa m'bukumo zili choncho. Phokoso limene linatsatira linandiuza kuti ndalakwitsanso.

Nduna ina, munthu wodekha amene sindimuimba mlandu ngakhale pang'ono, inandifunsa mafunso mwadongosolo.

"Aphunzitsi, mwezi wakudawu ulipo kapena kulibe?"

"Kulibe, anduna. Anapeka ndi anthu a ku America kuti asangalatse owerenga."

"Chinthu choti kulibe, masiku ake munawawerenga bwanji mpaka kupeza 504?"

Ndinayesa kufotokoza kuti samu imagwira pa nambala iliyonse, ngakhale yopeka. Anandimvetsera mpaka kumapeto.

"Chabwino. Munauza ana kuti kuli mwezi wofiira?"

"Ndinawauza."

"Munatiuzanso ife kuti Lachisanu mwezi ufiira?"

"Ndinakuuzani, koma zimenezo ananena pa wailesi, ndi zina."

"Unafiira?"

"Unafiira."

"Ndiye woyera tikuudziwa, wofiira tauona tonse. Pa itatu munanena, iwiri yapezeka yoona. Tikane bwanji wachitatu, pamene inu nomwe munati anthu abwino sauona?"

Pamenepo ndi pamene ndinaona msampha umene ndinatchera. Chinthu chimene amachiona oipa okha munthu wabwino sangachitsutse. Akanena kuti kulibe, wangosonyeza kuti iye ndi wosalakwa, ndipo umboni wake suthandiza aliyense. Amene wanena kuti wachiona wadziulula yekha, ndipo akadzakana ndiye kuti akubisa. M'bukumo zimenezi sizipweteka munthu, chifukwa wowerenga amaima kunja kwa dziko lonselo, amaona miyezi yonse itatu, amalowa mumtima mwa Raistlin n'kudziwa chimene chili momwemo. Pa bwalo lija panalibe woima kunja. Olembawo anamanga Nuitari mwaluso kwambiri, mwezi umene umadziwika ndi zimene zasowa, ndipo luso lomwelo ndi limene linkamanga gogo wosadziwa kuwerenga. Nyenyezi ikasowa, ndi Nuitari. Khanda likamwalira, ndi gogo.

Ndinapempha kuti ndisimbe za Istar, za mfumu imene inasaka oipa mpaka mzinda unamira. Amfumu anandiletsa, ndipo anachita bwino. Anati nkhani zanga zakwana.

Anaitana mwanayo kuti akhale pafupi nawo, pa mkeka wawo womwe, n'kumufunsa motsitsa mawu.

"Iwe mdzukulu wanga, usaope. Mwezi wakudawo unauona?"

Mwanayo analira nthawi yaitali asanayankhe. "Sindinaone kanthu, agogo. Ndimafuna asiye kundithamangitsa."

Bambo wa khanda lija anaimirira n'kunena kuti mwana wophunzitsidwa savomera. Sindingamunyoze bamboyo, anali ataika mwana wake m'manda masiku omwewo, ndipo chibayo si chinthu chimene munthu angachigwire pakhosi. Amfumu anamulola kulankhula mpaka mawu anamuthera. Kenako anaitanitsa kabuku ka kuchipatala ka khandalo, ahedi n'kuwerenga mokweza zimene zinalembedwamo. Anakumbutsa anthu kuti lamulo la dziko lino, limene lilipo kuyambira 1911, limaletsa kunena munthu kuti ndi mfiti, ndipo wonenayo ndiye amamangidwa. Anati aliyense wokhudza nyumba ya agogowo, ngakhale udzu umodzi wa padenga, akamupereka okha ku polisi. Mlandu wa agogo anautseka pomwepo. Wanga anausiya wotsegula: anati ndasokoneza mudzi ndi kuika mwana pa ngozi, ndipo ndilipe mbuzi. Ndinalipa. Chigamulocho chinali cholungama, mwinanso chopepuka.

Nyumbayo palibe anaikhudza. Koma amfumu sangalamule munthu kupereka moni. Agogo akafika pa mjigo, amayi ankachotsa ndowa zawo pamzere n'kuima patali mpaka iwo atachoka. Masamba amene ankagulitsa pamsewu ankafota pa thandala. Ana analetsedwa kusewera ndi mdzukulu wawo. Ine ndinayenda m'makomo kufotokoza, ndi tochi, mpira ndi lalanje, kuonetsa mmene mthunzi wa dziko umagwera pa mwezi. Ambiri anamvetsa, ena anasangalala nazo, ndipo pomaliza ankandiperekeza mwaulemu. Za kadamsana anakhutira. Za gogo uja ankati zimenezo ndi zina.

Sukulu zisanatsegulidwe mu Seputembala, agogo anamanga katundu n'kupita ndi mwanayo kwa mlongo wawo m'boma lina. Anasiya munda umene analandira kwa mayi awo, ndi manda a mwana wawo wamkazi, mayi wa mnyamatayo.

Kalata yosamutsira mwanayo ku sukulu ina ndinapempha ahedi kuti ndilembe ndine, iwo angosaina ndi kudinda. Ndinalembamo zoona zokhazokha: kuti wakhoza kupita Sitandade 7, kuti khalidwe lake ndi labwino, kuti pa samu sindinaphunzitsepo mwana womuposa. Ndinaitenga ndekha, pa minibasi kenako pa kabaza. Ndinawapeza agogo akusenda nandolo pakhonde la nyumba ya eni ake. Anandipatsa madzi akumwa, koma mkeka sanayale.

"Agogo, ndabweretsa kalata ya sukulu. Ndimafunanso ndimuone mwanayo, ndimupepese."

"Kalatayo siyani apo, aphunzitsi. Mwana wapita kudambo."

"Ndikhoza kudikira."

"Musadikire. Kuno sakudziwa chimene tinachokera. Akaona mphunzitsi wachokera kutali kudzapepesa mwana, afunsa."

Ananena zoona, ndipo ndinanyamuka. Ndinadzera ku sukulu yatsopanoyo n'kusiya nambala yanga ya foni kwa ahedi a kumeneko, ndikungoti ndine mphunzitsi wake wakale. Teremu itatha anandiimbira. Anati mnyamatayo samu amakhoza kuposa onse pa mayeso olemba, koma m'kalasi sakweza mkono, ndipo akamuitana kuti akalembe pa bolodi amakana. Anandifunsa ngati ankatero kale. Ndinawauza kuti ayi, sankatero, ndipo ndinawapempha kuti asamukakamize.